Kulera Mwana Si Kumudyetsa Kokha

Sabata ino ndapempha malo m'nyuzipepala yathu ino kuti ndikambe nkhani imene sitiikamba pa misonkhano, ngakhale kuti imakhala nafe pa mpando womwewo pamene tikukamba za misewu, za feteleza ndi za mtengo wa chimanga. Nkhaniyi ndi ya ana amene amadya, amavala, amapita kusukulu, koma pakhomo pa makolo awo amakhala ngati alendo, popeza palibe munthu wamkulu amene amawafunsa chimene chili mumtima mwawo. Ndikulembera inu atsogoleri a m'nthambi ndi m'madera, inu amayi ndi achinyamata a Chipani, ndiponso inu ogwira ntchito m'Boma mu Mzinda wa Mzuzu ndi m'Chigawo chonse cha Kumpoto, chifukwa ambiri a ife tidali ana otere, ndipo ena mwa ife tikulera ana otere lero lomwe lino.

Tisasokoneze nkhaniyi ndi nkhanza zimene tonse timazidziwa. Mwana womenyedwa amakhala ndi zipsera, anthu oyandikana nawo nyumba amamva kulira kwake, ndipo Lamulo losamalira ndi kuteteza ana limene Nyumba ya Malamulo idakhazikitsa m'chaka cha 2010 limapereka mphamvu kwa apolisi ndi a ofesi yoona za chisamaliro cha anthu kuti alowererepo. Kafukufuku amene Boma lidachita m'chaka cha 2013 adapeza kuti mtsikana mmodzi mwa asanu alionse, ndi mnyamata pafupifupi mmodzi mwa atatu, adapwetekedwapo mumtima ndi mawu achipongwe kapena oopseza a munthu wamkulu asanakwanitse zaka 18. Komatu chiwerengero chimenechi chikunena za zoipa zimene wamkulu adachita. Chimene ine ndikunena ndi zabwino zimene wamkulu sadachite: mwana adalira osatonthozedwa, adachita mantha osafunsidwa chimene chamuopsa, adapambana osayamikiridwa. Chinthu chimene sichidachitike n'chovuta kupita nacho kubwalo la milandu, ndipo mwini wake amene, akakula, sadziwa n'komwe kuti adamanidwa kanthu.

Ndiyambe ndi ine ndemwe, poti wamva m'mimba ndiye atsekula chitseko. Ndidabadwira m'mudzi wina m'boma la Mzimba. Adada adapita ku Joni pa Wenela ine ndili kumsana. Adabwerako pamene ntchito yolemba anthu idaimitsidwa m'chaka cha 1974, ndege ija itagwa ku Francistown ndi kupha Amalawi oposa 70 amene ankabwerera kumudzi kuchokera kumigodi. Njira itatsekulidwanso m'chaka cha 1977 pansi pa dzina la TEBA, adapitanso, ndipo adakhala akupita ndi kubwera mpaka ulendowo udatheratu m'chaka cha 1988. Pobwera ankabwera ndi bokosi lachitsulo lodzaza mabulangete ndi nsalu, ulendo wina wayilesi, ulendo wina njinga. Ine ndinkathawira kuseri kwa nkhokwe poyesa kuti kwabwera mlendo. Sadandimenyepo ngakhale tsiku limodzi, ndipo fizi ya sukulu sidasowepo. Amama nawo ankadzuka tambala woyamba, kumunda, kumtondo, kumadzi, ana asanu ndi apongozi okalamba ali pamutu pawo, kotero kuti pofika madzulo mawu ankakhala atawathera.

Tsiku limene dzina langa lidatuluka kuti ndasankhidwa kupita ku sekondale, ndidathamanga mtunda wonse kuchokera kusukulu osapuma. Adada ndidawapeza pakhonde akukonza tcheni cha njinga. Adamva, adagwedeza mutu, nati: "Chabwino. Ng'ombe zija zamwa?" Ndidapita kukamwetsa ng'ombe. Sabata yotsatira adagulitsa ng'ombe imodzi mwa zomwezo kuti andigulire yunifolomu, nsapato ndi sutikesi, ndipo ndikudziwa tsopano kuti kumeneko ndiko kudali kunena kwawo kuti anyadira. Koma mnyamata wa zaka 15 samva chiyankhulo cha ng'ombe yogulitsidwa. Amamva mawu, amawerenga nkhope. Kuyambira tsiku limenelo ndidaleka kubweretsa pakhomo chimwemwe changa, ndipo posakhalitsa ndidalekanso kubweretsa chisoni changa.

Sindidali ndekha. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970 Amalawi oposa 100,000 ankagwira ntchito m'migodi ya ku South Africa, osawerengera machona amene adatsakamira ku Harare, ku Bulawayo ndi ku Copperbelt, ndipo maboma a Mzimba, Nkhata Bay ndi Rumphi adapereka amuna awo kuyambira nthawi ya atsamunda. Amuna amenewa ankakhala m'makomponi, kutali ndi ana, m'malo amene munthu wolira ankasekedwa; akanaphunzira kuti kucheza ndi mwana? M'zaka za m'ma 1990 kudabwera Edzi, ndipo agogo amodzi adapezeka ali ndi zidzukulu zisanu ndi ziwiri, zonse zolira makolo, popanda wozifunsa mmene zikumvera. Lero mabasi akunyamukabe mu Mzuzu ndi ku Mzimba kupita ku Johannesburg, ndipo tsopano akukwera bambo ndi mayi omwe. Ndalama ikubwera pa foni, nyumba zamalata zikumangidwa, koma mwana akukula akudziwa makolo ake ngati chithunzi cha pa WhatsApp.

Tsono ife ogwira ntchito m'maofesi tisaloze chala anthu a ku Joni, popeza ife tilibe n'chonamizira chomwe. Timachoka m'nyumba ku Katoto, ku Chibavi kapena ku Luwinga ana asanadzuke, timabwera atagona, ndipo Loweruka tili ku msonkhano kapena ku maliro. Mwana timamusiyira mtsikana wantchito, amene nayenso ndi mwana wa munthu wina, ndipo mtsikanayo akazolowerana ndi mwana timamuchotsa ntchito n'kulemba wina. Akakula pang'ono timamutumiza ku sukulu yogonera komweko n'kumanyadira kuti tamuchitira zonse. Tsiku limene tili panyumba, maso ali pa foni.

Akatswiri adaifufuza nkhaniyi kalekale. M'chaka cha 1951 dokotala wa ku Britain, John Bowlby, adalembera bungwe la zaumoyo pa dziko lonse lipoti lonena za ana amene adalekanitsidwa ndi makolo awo, ndipo adatsindika kuti khanda limafuna munthu mmodzi wokhazikika, wachikondi, amene limamudalira, monga momwe limafunira chakudya. M'chaka cha 1975 Edward Tronick wa ku America adaonetsa chinthu chimene mayi aliyense wa ku Mchengautuwa angachiyese pakhonde pake. Mayi amasewera ndi khanda lake, kenaka amaumitsa nkhope kwa mphindi ziwiri kapena zitatu, osaseka, osayankha. Khanda limamwetulira kuti limukope, limatambasula manja, limakuwa, ndipo zonse zikakanika limayang'ana kumbali n'kufooka thupi lonse. Mayi akayambanso kuseka, khanda limabwerera mwakale. Funso n'lakuti: nanga mwana amene nkhope youmayo amaiona zaka 18?

Yankho loopsa lidachokera ku Romania. Ulamuliro wa Nicolae Ceaușescu utagwa mu Disembala 1989, dziko lapansi lidaona nyumba zosungiramo ana mmene makanda ankagona m'mizere, akudyetsedwa pa nthawi yake koma osanyamulidwa, mpaka adaleka kulira poona kuti kulira sikubweretsa munthu. Kuyambira m'chaka cha 2000 akatswiri adatsatira ana 136 a m'nyumba zotere mu mzinda wa Bucharest. Theka la anawo adawapereka ku mabanja owalera, ndipo amenewa adakula bwino m'nzeru ndi m'kakhalidwe kuposa anzawo otsala, makamaka amene adalowa m'banja asanakwanitse zaka ziwiri. Makolo athu adanena kale kuti m'mera mpoyamba. Ku America nakonso, pakati pa 1995 ndi 1997, akuluakulu oposa 17,000 a ku California adafunsidwa za ubwana wawo, ndipo zidapezeka kuti munthu amene adakumana ndi zowawa zambiri ali mwana ndiye amagwa msanga m'uchidakwa, m'matenda a nkhawa, m'matenda a mtima, ngakhalenso m'maganizo ofuna kudzipha.

Ana a m'nyumba zathu sali ngati a ku Romania, ndipo sindikufuna kukokomeza. Koma bala laling'ono losatsukidwa nalonso limatukusira. Mwana amene sadamvedwe amaphunzira phunziro limodzi, lakuti zimene iye akumva n'zopanda ntchito ndipo kupempha chithandizo n'kuvutitsa anthu. Phunziro limeneli amapita nalo ku ukwati ndi ku ofesi. Mumamudziwa munthu ameneyu. Ndi kalaliki uja amene sakana ntchito ngakhale atatopa chotani, chifukwa amaopa kuti akakana adzaleka kuwerengedwa. Ndi bwana uja amene akamuuza kuti walakwitsa kalata imodzi amakwiya sabata yonse, ndipo sadayamikirepo wantchito wake chiyambire. Ndi mayi uja amene amatumikira mudzi wonse koma sanena akadwala. Ndi bambo uja amene mukamufunsa kuti ali bwanji mumtima amakuyang'anani ngati mwamufunsa m'Chigiriki, ndipo madzulo alionse amakhala pamalo omwera mowa, osati chifukwa chokonda anzake, koma chifukwa choopa bata la m'nyumba mwake. Malipoti a apolisi onena za anthu odzipha m'dziko muno akhala akusonyeza chaka ndi chaka kuti ochuluka kwambiri ndi amuna. Tidawaphunzitsa tokha kuti mwamuna salira.

Ine ndidali mmodzi wa anthu amenewa, ndipo anthu ankanditama. Amama atamwalira sindidagwetse msozi. Ndinkawerenga matumba a ufa, ndinkakonza za galimoto ndi za bokosi, ndipo anthu adati uyu ndiye mwamuna. Patapita miyezi tulo tidandithawa, mutu unkandiwawa tsiku lililonse, ndipo ndidayamba kukalipira ana pa zinthu zopanda pake. Tsiku lina mwana wanga wamkazi, amene panthawiyo adali Fomu 3, adandiuza mwaulemu, maso ali pansi, kuti: "Adada, mumatilipirira zonse, koma ine ndimakuopani. Sindidziwa chimene ndingakambe nanu." Ndidatsegula pakamwa kuti ndimufunse ngati wamaliza kutsuka mbale, ndipo pomwepo ndidamva mawu a adada akufunsa za ng'ombe.

Dokotala amene ankandiyeza kuthamanga kwa magazi ndiye adandiuza kuti ndikaonane ndi mlangizi wa za maganizo kuti ndikalandire uphungu. Uphungu umene ndikunena pano, abale anga a ndale, si wa ku Nyumba ya Malamulo ayi. Ndidakwiya, ndipo ndidamufunsa ngati akundiyesa wamisala. Ndidapita patatha miyezi iwiri, madzulo, nditaimika galimoto patali kuti anthu asaizindikire. Mlangiziyo, mayi wamng'ono kwa ine ndi zaka zambiri, sadandipatse mankhwala ndipo sadandilalikire. Adandifunsa kuti: "Bambo, muli mwana, mukachita mantha usiku, munkathawira kwa yani?" Ine amene ndimayankhula pamaso pa chikhamu cha anthu popanda pepala ndidakhala chete nthawi yaitali, chifukwa yankho padalibe.

Anthu ambiri amaganiza kuti uphungu ndi kucheza chabe, choncho ndifotokoze ntchito imene imagwiridwa m'chipinda chimenecho. Poyamba munthu amaphunzira kutchula chimene akumva ndi dzina lake. Ine zonse ndinkazitcha kutopa, ndipo padatenga masabata kuti ndisiyanitse chisoni, manyazi, mantha ndi mkwiyo. Kenaka mlangizi amakuthandiza kugwira maganizo amene amabwera okha, monga akuti "ndikanena vuto langa ndidzakhala mtolo kwa anthu", n'kuwazenga mlandu monga momwe amachitira a khoti: umboni wake uli kuti, adakuuza ndani, udali ndi zaka zingati pamene udayamba kukhulupirira zimenezi? Amakupatsanso ntchito yokachita kunyumba. Yanga yoyamba idali yokhala ndi mwana wanga mphindi khumi tsiku lililonse, osamulangiza, osamufunsa za mayeso, kungomvetsera. Ndikunenetsa kuti kukonza msonkhano wa chigawo n'kosavuta kuposa mphindi khumi zimenezo. Ntchito ina idali yolembera kalata adada, amene adali atagona kale kumanda, kalata yosatumiza. Ndidailemba masiku atatu, ndipo misozi imene idakanika pa maliro a amama idatuluka pamenepo.

Sindidatuluke m'chipinda chija ndili munthu watsopano, ndipo amene angakulonjezeni zimenezo akukunamizani. Chizolowezi cha zaka 50 sichitha pa miyezi itatu. Mpaka lero mwana akandiuza chinthu chomupweteka, lilime langa limathamangira kupereka ndalama kapena malangizo. Kusiyana kwake n'kwakuti tsopano ndimadzigwira. Ndiponso uphungu sudandiphunzitse kudana ndi makolo anga, monga ena amaopera. Udandithandiza kuona kuti adada adapereka chimene adali nacho, ndi kuti iwonso adali mwana wa mtchona amene sadawagwirepo dzanja. Munthu angathe kulemekeza kholo lake ndi kuvomerezanso kuti padali chinthu chimene chidasowa.

Ena adzati zimenezi n'zachizungu. Ndikukana. Makolo athu adali ndi ankhoswe, anamkungwi, atsibweni ndi azakhali, anthu amene ntchito yawo idali yomva zimene mwana sakanatha kuuza bambo wake, ndipo madzulo kudali nthano pamoto pamene mwana ankakhala pamiyendo pa agogo ake. Kuno Kumpoto kuli Vimbuza, gule wochiritsa amene bungwe la UNESCO lidamulemekeza m'chaka cha 2005, ndipo aliyense amene adakhalapo usiku wa Vimbuza akudziwa kuti mudzi wonse umasonkhana kuimbira ndi kumvera munthu mmodzi wovutika mumtima. Chachilendo si kumvetserana. Chachilendo ndi nyumba ya mpanda wa njerwa mmene mwana amakhala ndi wailesi yakanema, atsibweni ake ali ku Euthini, azakhali ake ali ku Cape Town. Ndipo onani zimene anzathu a ku Zimbabwe adachita. M'chaka cha 2006 dokotala Dixon Chibanda adayamba kuphunzitsa agogo aakazi a ku Mbare, mu Harare, kukhala pa benchi kunja kwa chipatala ndi kumvetsera anthu ovutika ndi kuganiza kwambiri, kukumana nawo kasanu ndi kamodzi. Kafukufuku wa m'chaka cha 2016 adaonetsa kuti patatha miyezi isanu ndi umodzi, mwa anthu 100 alionse amene adakhala pa benchi, 14 okha ndiwo adali ndi zizindikiro za matenda a kukhumudwa, pamene mwa amene sadakhalepo adalipo 50.

Ena adzati ife tidakula choncho ndipo tili bwino. Funsani akazi anu ngati mulidi bwino. Enanso adzati dziko losauka liyambe laganiza za chimanga. Chimanga n'chofunika, ndipo mayi wanjala kapena wodwala nkhawa sangasekerere khanda lake, n'chifukwa chake nkhondo yolimbana ndi umphawi ndi nkhondo yomenyeranso ana. Koma mphindi khumi zomvetsera mwana sizifuna ndalama zakunja, ndipo mphunzitsi amene wagonja ku mowa, kapena kalaliki amene wadzimangirira, ndi chuma cha Boma chimene chatayika.

Manyazi athu ali ndi mbiri yake. Atsamunda adatisiyira lamulo la m'chaka cha 1948 lonena za anthu odwala misala ndi chipatala chimodzi cha ku Zomba, ndipo kwa zaka zambiri munthu wa ku Chitipa kapena ku Karonga ankatengedwa ulendo wonsewo atafika kale poipa. M'maganizo mwathu mudakhazikika kuti za maganizo ndi za anthu omangidwa zingwe, mpaka mawu akuti "ku Zomba" adasanduka chitonzo. Ife a mu Mzuzu tilibe chifukwa chokhalirabe m'maganizo amenewo. Kuyambira m'chaka cha 1993 a St John of God akhala akugwira ntchito ya thanzi la maganizo mu mzinda muno. Ali ndi House of Hospitality kumene amagoneka odwala, amathandiza ofuna kuleka mowa ndi chamba, ali ndi ntchito ya Umoza yosamalira ana a m'misewu, ndipo sukulu yawo ya zaumoyo, imene idayamba m'chaka cha 2003, imaphunzitsa anamwino, madokotala othandizira ndi alangizi amene akugwira ntchito m'maboma ambiri. Anthu amachokera kutali kudzaphunzira kuno, pamene ife eni mzinda timadutsa pa geti tikuyang'ana kumbali.

Pempho langa kwa inu atsogoleri ndi ili. Wapampando wa nthambi amadziwa khomo lililonse m'dera lake; amadziwa nyumba imene makolo onse ali ku Joni, ndi imene mwana wa zaka 12 akulera azing'ono ake. Tikamayendera makomo amenewa tisangofunsa ngati ufa ulipo, tifunsenso mwanayo dzina lake ndi mmene akukhalira, ndipo tidikire yankho. Inu akuluakulu a m'maofesi, wantchito akapempha chilolezo chokaonana ndi mlangizi, mupatseni monga mumaperekera kwa wodwala malungo, ndipo nkhani yake isafike ku kantini. Posamutsa anthu pa ntchito, ganizirani kawiri musanatumize bambo ku Nsanje mayi ali ku Mzuzu ndi khanda. Inu aphunzitsi, mwana wachete amene savutitsa m'kalasi musamuyese kuti ndiye ali bwino. Mwina adangoleka kuyembekeza kuti wina angamufunse. A Khonsolo ya Mzinda ndi a zaumoyo aganizire za benchi ija ya ku Harare, poti agogo anzeru ku Zolozolo, ku Chiputula ndi ku Masasa sakusowa, ndipo sukulu yowaphunzitsa ili pakhomo pomwe. Ana amene ali pa mavuto adziwitsidwe kuti nambala ya 116 ndi yaulere.

Koma choyamba tipite ife. Anthu amayang'ana kumene mtsogoleri waponda, ndipo malinga ngati ife tikuimika galimoto patali, kalaliki ndi mesenjala sadzalowa pa geti limenelo. Mwana wanga uja tsopano ali ku koleji ku Lilongwe. Lamulungu lapitali adandiimbira foni usiku, akulira, chifukwa cha phunziro limene walephera. Tidakamba mphindi 40, ndipo za fizi yobwereza tidakamba mawa lake.